Kuyambira mafilimu ovula ku Japan n'kukafika pa kanema wamkulu: khomo liti linkatulutsa anthu, liti linkawatsekera momwemo

Usiku wina tinkaonera Shin Godzilla pa laputopu, ija ya 2016, ine ndi mnzanga wina amene za mafilimu a ku Japan amazidziwa ngati kumudzi kwawo, nde pafika pamene nduna yaikulu ya dziko yakhala pa mpando, suti yakuda bii, anthu ayizungulira aliyense akuyiuza chochita, mnzanga uja basi kuimitsa filimu n'kuloza pa sikirini, akuti "madala awa ukuwaonawa anayambira mafilimu ovula." Ine kumutsutsa, ndimati bambo aulemu wawo ngati amenewa zingatheke bwanji. Koma zinali zoona. Dzina lawo ndi Ren Osugi, ndipo filimu yawo yoyamba mu 1980 inali ya mtundu umene ku Japan amautcha pinku eiga, yopangidwa ndi Banmei Takahashi. Kuchokera tsiku limenelo ndakhala ndikutsata nkhani za anthu amene anadutsa njira imeneyi, ndipo chimene ndaona n'choti njira yake siinali imodzi, makomo analipo angapo ndipo sankafanana ngakhale pang'ono, ena ankakukweza ena ankakumiza.

Kaye timvetsetsane za mafilimu amene tikunenawa, chifukwa munthu akangomva "ovula" amaganiza zolaula za pa foni zija. Ayi. Pinku eiga ndi filimu yokhala ndi nkhani, imene kale inkajambulidwa pa filimu ya 35mm ngati ina iliyonse, yoonetsedwa mu sinema, kungoti muli magawo a kuchipinda pafupipafupi. Zogonanazo ndi sewero chabe. Lamulo la ku Japan, gawo 175 la malamulo a milandu, limaletsa kufalitsa zolaula, ndipo bungwe la Eirin limene limaunika mafilimu silinkalola kuti ziwalo zobisika zioneke, moti osewera ankamata kansalu kapena tepi kutsogolo, kamene amakatcha maebari, ndipo wa kamera ankayenera kudziwa kuika botolo kapena mphika wa maluwa pamalo oyenera. Anthu amati filimu yoyamba ya mtunduwu ndi Flesh Market ya Satoru Kobayashi mu 1962. Chinachititsa kuti zifalikire ndi TV. Mu 1958 ku Japan kunagulidwa matikiti a sinema oposa 1.1 biliyoni, pofika 1970 anali asakukwana 300 miliyoni, anthu akungokhala kunyumba. Kampani yaikulu ya Daiei inagwa mu 1971. Nde makampani anayamba kugulitsa chinthu chimodzi chimene TV siikanaonetsa, ndipo m'zaka za m'ma 1970 mafilimu oposa theka opangidwa ku Japan anali a mtundu umenewu. Ndiye mukamamva kuti wakutiwakuti anayambira kumeneko, dziwani kuti nthawi imeneyo ntchito inali kumeneko basi.

Khomo lapansi penipeni linali la timakampani ting'onoting'ono ta pinku, monga OP Eiga ya Okura, Shintoho ndi Kokuei. Uku kunali kwa ganyu. Bajeti ya filimu yonse ndi ma yen 3 miliyoni kapena kuposerapo pang'ono, kujambula masiku atatu anayi mwina asanu, filimu ya ola limodzi, mawu kukalowetsa pambuyo mu situdiyo chifukwa kujambula mawu pompopompo n'kodula, ndipo mu sinema amaonetsa atatu motsatizana pa tikiti imodzi. Wosewera alibe kontilakiti yaitali, lero ali kwa uyu mawa kwa uyo. Ubwino wake unali kuchuluka kwa ntchito. Kazuko Shirakawa ndi Naomi Tani aliyense anali atachita mafilimu okwana ngati 200 asanalowe n'komwe ku kampani yaikulu. Tangoganizani munthu wa zaka makumi awiri ndi kenakake amene waima kutsogolo kwa kamera ka 200, palibe sukulu ya zisudzo imene ingakupatse zimenezo. Ubwino wina, umene kwa ine ndi waukulu kuposa onse, ndi anthu amene unkakumana nawo kumeneko. Makampani akuluakulu anali atasiya kulemba achinyamata ofuna kuphunzira udayilekitala, nde onse anakhamukira ku pinku. Yojiro Takita, amene filimu yake Departures inapata Oscar mu 2009, anayamba ndi mndandanda wa nthabwala zopusa za m'sitima m'zaka za m'ma 1980. Masayuki Suo wa Shall We Dance? ya 1996 filimu yake yoyamba inali ya pinku mu 1984. Kiyoshi Kurosawa, Ryuichi Hiroki, Takahisa Zeze, onsewa anadutsa momwemo.

Apa ndi pomwe nkhani ya Osugi imakoma. Iyeyu kwenikweni anali wa pa siteji, mu gulu la Tenkei Gekijo la Shogo Ota, limene linkatchuka ndi masewero opanda mawu, anthu kuyenda pang'onopang'ono pa siteji osalankhula kanthu maola awiri. Zisudzo zotere sizidyetsa munthu, nde pinku inali yopezera ya sopo ndi lendi. Anachita ambirimbiri, kuphatikizapo ija ya Suo ya 1984 mmene anasewera bambo wa pakhomo. Gulu lake la siteji litatha mu 1988 anavutika ndithu, mpaka Takeshi Kitano anamutenga mu Sonatine ya 1993 ali ndi zaka za m'ma 40. Kenako Hana-bi ya 1997, imene inapata mphoto yaikulu ku Venice, mmene iye ndi wapolisi wopuwala amene wakhala pa njinga ya olumala m'mbali mwa nyanja mkazi atamuthawa, n'kuyamba kujambula zithunzi kuti asadziphe. Mukamuona mmene amakhalira chete mu filimu imeneyo mumaona masewero opanda mawu aja, ndipo mukaona mmene ankasinthira lero chigawenga mawa bambo wa ana mkuja nduna, mpaka kumutcha munthu wa nkhope 300, mumaona pinku, kumene sabata iliyonse unkavala munthu wina popanda nthawi yoyeserera. Winanso ndi Yukijiro Hotaru, amene ankasewera wapolisi wofufuza m'nthabwala za Takita zija, pambuyo pake n'kudzaoneka mu mafilimu atatu a chilombo chotchedwa Gamera a m'ma 1990 amene ana ankaonera, ndipo dayilekitala wa Gamera imeneyo Shusuke Kaneko nayenso anayambira ku mafilimu ovula a kampani yaikulu ya Nikkatsu. Ndiye mukuona mmene zimayendera, amene mumadya naye nyemba akakwera amakukumbuka.

Koma taonani kuti onse awiriwa ndi amuna. Mwamuna mu pinku palibe amene ankabwera kudzamuonera, pa posita pankakhala mkazi, nde mwamunayo ankatuluka wopanda dzina loipa, anthu n'kumati anali kusukulu. Mkazi wa ku timakampani timeneti, ngati sanakwere kupita ku Nikkatsu, nthawi zambiri ankathera momwemo, wodziwika kwa azibambo a mu sinema zamdima za kuseri kwa siteshoni basi. Kwa mwamuna wofuna kudzakhala wosewera wa magawo othandizira, khomo ili ndingati linali labwino kwambiri. Kwa mkazi linali poyambira chabe, osati pokhala.

Tsopano Nikkatsu. Iyi ndi kampani yakale kwambiri, ya mu 1912, imene inali ndi situdiyo zake zazikulu, akatswiri a magetsi, a kamera, omanga nyumba za mufilimu, onse ali pa malipiro a pamwezi. Itatsala pang'ono kugwa, mu November 1971 inatembenuka n'kuyamba mndandanda umene inautcha Roman Porno, ndipo inapitiriza mpaka 1988, mafilimu okwana ngati 1,100. Dzinalo lisakunamizeni, zinali zosewera zomwezija za maebari. Kusiyana kwake ndi ndalama ndi manja a anthu ogwira ntchito. Bajeti inali ngati ma yen 7.5 miliyoni, kuposa kawiri ya pinku, kujambula sabata imodzi kapena masiku khumi, filimu ya mphindi 70 kapena kuzungulira pamenepo, ndipo lamulo kwa dayilekitala linali loti pa mphindi khumi zilizonse pakhale gawo la kuchipinda, zotsalazo panga zimene ukufuna. Ufulu umenewo ndi umene anthu ngati Tatsumi Kumashiro, Noboru Tanaka ndi Masaru Konuma anaugwiritsa ntchito kupanga mafilimu amene olemba nkhani za mafilimu sanathe kuwanyalanyaza. Chaka chotsatira chomwecho, 1972, magazini ya Kinema Junpo, imene ku Japan mawu ake amalemera, inapereka mphoto ya wosewera wamkazi wopambana kwa Hiroko Isayama chifukwa cha mafilimu a Roman Porno. Chaka chimodzi chokha chiyambire.

Kwa mkazi, ili ndiye linali khomo lokhala ndi masitepe okwerera. Shirakawa, amene anatsegulira mndandanda wonsewu ndi filimu ya mayi wapabanja wa m'mafulati, anasiya mu 1973 kukakwatiwa, n'kubwereranso patapita zaka zochepa koma ulendo uno ku mafilimu wamba, ndipo Shohei Imamura anamutenga mu Vengeance Is Mine ya 1979 ndi Black Rain ya 1989. Jun Miho analowa mochedwa, 1981, chaka chotsatira n'kupata mphoto za wosewera watsopano, ndipo pofika 1984 anali mu mafilimu a Tora-san, amene ku Japan ndi a banja lonse, agogo ndi zidzukulu kukaonera limodzi pa chaka chatsopano. Iye ankasewera Akemi, mwana wa bwana wa kafakitale ka pafupi, mtsikana wa pakamwa. Mu 2013 anali mu Amachan, sewero la m'mawa la pa NHK. Kuchoka ku Roman Porno kukafika pa TV ya boma nthawi ya tiyi wa m'mawa, si zocheza. Amuna nawonso ankadutsa bwinobwino, Renji Ishibashi, Keizo Kanie, Morio Kazama, onse anaonekamo ndipo palibe chinawagwira.

Walira mvula walira matope, khomo ili linalinso ndi zake. Mu January 1972 apolisi analanda ena mwa mafilimuwa, akuluakulu a kampani, madayilekitala ngakhale ounika a Eirin amene anawavomereza anakaima pa khoti, mlandu unatenga zaka, anapezeka osalakwa mu 1978 ndipo apilo inatha mu 1980. Chinanso n'choti kampani ikakupeza kuti umagulitsa pa mtundu wina wa gawo, imakumangirira pomwepo. Naomi Tani ndi chitsanzo, ngakhale iyeyo anasankha yekha. Nikkatsu itamufuna anaika mfundo yoti apange filimu ya buku la Oniroku Dan, nde kunatuluka Flower and Snake mu 1974, ndipo kuchokera apo anakhala mfumukazi ya mafilimu omangana ndi zingwe. Ankaitenga ntchitoyo mwaulemu woopsa, mpaka kupewa dzuwa kuti khungu lisasinthe mtundu. Koma nkhope imene anthu aizolowera choncho simungaiike mosavuta mu sewero la banja. Iye sanalimbane nazo, anasiya mu 1979 ali ndi zaka za m'ma 30 zoyambirira, akuti anthu amukumbukire mmene analili, n'kukatsegula malo odyera ku Kumamoto. Ena amati anataya mwayi, ine ndimaona kuti mwa onsewa ndi mmodzi mwa ochepa amene anatuluka tsiku limene anafuna yekha.

Njira ina inali kukana basi. Nikkatsu itatembenuka mu 1971 akatswiri ake ambiri ananyamula zikwama. Meiko Kaji, amene anali atayamba kutchuka ndi mafilimu a zigawenga za atsikana a Stray Cat Rock, anapita ku kampani ina yaikulu ya Toei, kumene anachita Female Prisoner 701: Scorpion mu 1972, mkaidi wosalankhula wa maso obaya, kenako Lady Snowblood ya ku kampani ya Toho mu 1973, ndipo mu 1978 anatenga mphoto zazikulu ndi filimu ya Yasuzo Masumura ya nkhani yakale ya okondana odzipha ku Sonezaki. Tarantino anadzaika nyimbo zake ziwiri mu Kill Bill. Zikumveka bwino eti, koma kuti ukane uyenera kukhala ndi dzina kale. Kaji anali ndi poponda. Mtsikana wongoyamba amene akugwira ntchito mu kantini ya khofi, ngati mmene analili Junko Miyashita pamene anamupeza, analibe choti akane, chifukwa palibe amene ankamuitana kwina.

Ndipo Toei yomweyo isakunamizeni kuti inali ya oyera mtima. Inali ndi mzere wake wa mafilimu osakaniza kuvula ndi ndewu, amene masiku ano amawatcha pinky violence, atsikana a zigawenga, mipeni, njinga zamoto. Reiko Ike ndi Miki Sugimoto ndi amene anali nyenyezi zake. Ndalama zinalipo zambiri kuposa ku Nikkatsu, sinema zake zinali za anthu wamba, ndipo Ike anafika mpaka mu mafilimu a yakuza, zigawenga za ku Japan, a Kinji Fukasaku monga Graveyard of Honor ya 1975. Pa pepala ili limaoneka ngati khomo labwino kuposa onse, kampani yaikulu, dzina lako pamwamba pa posita, sukutchedwa wa pinku. Koma fasho yake inatha msanga, zaka zinayi zisanu, ndipo Toei inali kampani ya mafilimu a amuna, itatopa nawo inalibe magawo ena owapatsa. Pofika kumapeto kwa m'ma 1970 onse awiri anali atazimiririka, Sugimoto anakwatiwa n'kusiya. Ndikaika pa sikelo, Nikkatsu inkakupatsa dzina lonyozeka pang'ono koma madayilekitala ofuna kuti usewere zenizeni, Toei inkakupatsa kuwala kwambiri koma kwa kanthawi.

Pali nkhani imodzi imene imandithandiza kuona kusiyana kwa njira zonsezi bwinobwino, chifukwa akazi atatu anasewera munthu mmodzi yemweyo kudzera makomo atatu osiyana. Munthuyo ndi Sada Abe, mayi amene mu May 1936 ku Tokyo anapha chibwenzi chake Kichizo Ishida pomukanyanga pakhosi, n'kudula ziwalo zake zobisika kuyenda nazo mpaka kugwidwa patapita masiku ochepa. Ku Japan nkhaniyi aliyense amaidziwa.

Woyamba ndi Junko Miyashita mu 1975, filimu ya Noboru Tanaka ku Nikkatsu, pafupifupi yonse m'chipinda chimodzi, zosewera, maebari ali pamalo pake. Filimuyo inatamandidwa, iye anapitiriza ntchito, anatenga mphoto ya Blue Ribbon pa gawo lothandizira mu filimu wamba ya Kihachi Okamoto ya 1978, kenako mphoto ya Hochi ya wosewera wamkazi wopambana chifukwa cha Woman with Red Hair ya Kumashiro mu 1979, imene inali ya Roman Porno yomweyo. Ankayenda mbali zonse ziwiri nthawi imodzi ndipo anakalamba akugwirabe ntchito mu mafilimu ndi pa TV.

Wachiwiri ndi Eiko Matsuda mu 1976, In the Realm of the Senses ya Nagisa Oshima. Apa panalibe maebari, zinali zenizeni, moti filimu yojambulidwayo ankaitumiza ku France kukaitsuka kumeneko kuzemba lamulo, ndalama zinachokera kwa Anatole Dauman wa ku France, ndipo Koji Wakamatsu, katswiri wa pinku, ndi amene ankayendetsa ntchito. Inaonetsedwa ku phwando la mafilimu la ku Cannes ku France, dziko lonse linaikamba, mpaka lero imaphunzitsidwa m'mayunivesite. Oshima anaimbidwa mlandu chifukwa cha buku la zithunzi za filimuyo n'kupambana. Mwamuna wa mufilimuyo, Tatsuya Fuji, anakhala kanthawi osaoneka koma anabwerera, Oshima yemweyo anamutenganso mu Empire of Passion ya 1978, ndipo wakhala akugwira ntchito mpaka ukalamba, munthu wolemekezeka. Matsuda, amene anachokera ku gulu la zisudzo la Shuji Terayama ndipo ndi amene anasenza filimu yonseyo, anangoonekanso m'mafilimu ochepa n'kuzimiririka, anamwalira mu 2011. Filimu imodzi, chipinda chimodzi, zochita zofanana, wina n'kukhala katswiri wina n'kutha. Nde amene amanena kuti bola filimu ya luso yopita ku Cannes kusiyana ndi ya Nikkatsu, ine ndimawauza kuti bola kwa dayilekitala, kwa mkazi wosewerayo ili linali khomo loopsa kuposa onse.

Wachitatu ndi Hitomi Kuroki mu 1998, filimu ya Nobuhiko Obayashi yongotchedwa Sada, imene inapita ku phwando la mafilimu la ku Berlin. Kuroki anabwera kuchokera pamwamba. Anali nyenyezi ya Takarazuka, gulu la zisudzo la akazi okhaokha limene makolo a ku Japan amanyadira mwana akalowamo, anachokako mu 1985, chaka chotsatira n'kuvula mu filimu ya kampani yaikulu, kenako Lost Paradise ya 1997 ndi Koji Yakusho, nkhani ya chibwenzi cha anthu apabanja yodzaza magawo a kuchipinda, imene inapanga ndalama zankhaninkhani n'kumupatsa mphoto ya Japan Academy. Palibe anamutcha wa zolaula, ankati ndi wolimba mtima. Dayilekitala wa Lost Paradise, Yoshimitsu Morita, anali atapangapo Roman Porno kumayambiriro kwa m'ma 1980, ndipo Hideo Nakata amene anadzatenga Kuroki mu Dark Water ya 2002 anaphunzirira ntchito ku Nikkatsu komweko ngati wothandizira. Manja omwewo, luso lomwelo, kungoti khomo lolowera ndi lina.

Njira yochokera pamwambayi ndi imene ili ndi phindu lalikulu ndi chiopsezo chochepa, vuto lake n'loti siisankhidwa, umabadwira momwemo kapena umakhala utatchuka kale. Shinobu Terajima bambo ake ndi katswiri wa kabuki, zisudzo za makolo za ku Japan, Onoe Kikugoro VII, mayi ake ndi Sumiko Fuji nyenyezi ya mafilimu a Toei. Mu 2003 anachita mafilimu awiri okhala ndi magawo ovula, imodzi mwa iwo Vibrator ya Hiroki wa ku pinku uja, mayi ake sanakondwe nazo koma mphoto zinagwa ngati mvula. Mu 2010 anatenga mphoto ya Silver Bear ku Berlin ndi Caterpillar ya Wakamatsu yemwe uja. Luso ali nalo, sindikutsutsa, Caterpillar ndi filimu yolemera kuionera ndipo iye ndi amene amaigwira. Kungoti akanakhala mwana wa munthu wamba wochokera ku sinema za kuseri kwa siteshoni, kuvula komweko anthu akanakuwerenga mwina.

Chimene chinasokoneza zonse ndi vidiyo. Kuyambira kumayambiriro kwa m'ma 1980 kunabwera AV, zolaula za pa tepi zoonera kunyumba, ndipo munthu sakanapitanso ku sinema kukakhala ndi anthu osawadziwa pamene akhoza kubwereka tepi. Ndi chimene chinapha Roman Porno mu 1988. Kuchokera apo akazi ambiri a mu pinku ankachokera ku AV, ndipo kwa iwowo pinku inasanduka kukwera, malo oti ukasewere nkhani yeniyeni. Yumika Hayashi anayamba AV mu 1989, anachita mafilimu a pinku ambirimbiri, ndipo Lunch Box ya Shinji Imaoka ya 2004 inamupatsa mphoto ya wosewera wopambana ku Pink Grand Prix, anthu oonera mafilimu a luso anayamba kumutchula, koma anamwalira mu June 2005. Sora Aoi anayamba mu 2002, anachita pinku mu 2004, n'kukaoneka mu filimu ya achinyamata ya ku Thailand ya Hormones mu 2008 ndi ina ya ku Hong Kong, n'kutchuka koopsa ku China pa tsamba la mchezo la Weibo. Ai Iijima anafika pa TV n'kulemba buku la moyo wake limene linagulidwa kwambiri mu 2000. Koma taonani bwino, amenewa anakhala anthu otchuka, a pa TV, a kunja, osati osewera amene madayilekitala akuluakulu a ku Japan amalimbirana ngati Miyashita. Ndalama za msanga zinali ku AV, koma mwa makomo onse ili ndi limene dzina lake silichoka, makamaka nthawi ya intaneti ino imene chinthu chikatuluka sichibwereranso. Filimu ya 1975 inkazungulira mu sinema masabata angapo n'kukasungidwa m'nkhokwe, anthu n'kuiwala, ndipo kuiwalako n'kumene kunkathandiza ambiri kuyambiranso. Nkhani zokakamiza atsikana kusaina makontilakiti zinafika poti mu June 2022 kunakhazikitsidwa lamulo loti padutse mwezi umodzi kuchokera posaina kufika pojambula, miyezi inayi kuchokera pojambula kufika potulutsa, ndipo munthu akhoza kusintha maganizo ngakhale zitatuluka kale pasanathe chaka.

Lero makomo ambiri amene ndatchulawa anatsekeka. Sinema za pinku zatsala zowerengeka, ngati Ueno Okura ku Tokyo, ndipo OP ndi imene yakakamirabe, pano pa dijito. Nikkatsu inayesa kudzutsa Roman Porno mu 2016 ndi madayilekitala asanu odziwika, Nakata, Sion Sono, Akihiko Shiota, Kazuya Shiraishi ndi Isao Yukisada, malamulo omwe aja a mphindi khumi ndi sabata imodzi, mafilimu ena anapita ku maphwando a mafilimu a kunja, koma mafilimu asanu si 1,100, sangakhale sukulu. Chimene chinkakweza anthu kale chinali kuchuluka, kugwira ntchito mwezi uliwonse ndi gulu lomwelo mpaka wothandizira wa dzulo atasanduka dayilekitala wamkulu n'kukuimbira foni. Wachinyamata wa lero amene wapatsidwa gawo lovula nthawi zambiri ndi mu filimu wamba kapena ya Netflix, ndipo chimene angapemphe chimene akale analibe ndi munthu woyang'anira magawo a kuchipinda, woonetsetsa kuti zimene munagwirizana n'zomwe zikujambulidwa. Kiko Mizuhara anapempha wotere pojambula Ride or Die ya 2021, ndipo ku Japan zinali zachilendo moti nyuzipepala zinalemba.

Mnzanga uja atandifunsa kuti nanga iwe ukanakhala ku Tokyo mu 1975 ukanalowera kuti, ndinati zikutengera ndine ndani. Ndikanakhala mwamuna wopanda nkhope ya pa posita, ku timakampani ta ganyu tija, kudya nyemba ndi anyamata onyamula magetsi. Ndikanakhala mkazi wopanda dzina, Nikkatsu, ndipo ndikanalimbana kuti ndigwe m'manja mwa Kumashiro kapena Tanaka, osalola kumangiriridwa pa mtundu umodzi wa gawo. Oshima akanabwera ndi tikiti ya ku Cannes ndikanamuthokoza n'kumuperekeza pa geti. Mnzanga uja anaseka n'kupitiriza filimu, ndipo posakhalitsa helikopita ya nduna yaikulu ija inaphulitsidwa ndi Godzilla. Osugi mwiniwake anamwalira pa 21 February 2018 ali ndi zaka 66, mtima unangoima, ali mkati mojambula Byplayers, sewero la pa TV la osewera a magawo othandizira mmene iye ankasewera Ren Osugi.